Melina wa m'kope langa

Achimwene, poti akazi athu sali pafupi, tiyeni tiuzane zoona. Inunso muli ndi kope lina limene simufuna kuti munthu alitsegule. Mwina lanu ndi la matimu a ku England amene mumabetcha Loweruka, mwina ndi la nyumba ya zipinda zinayi imene mwakhala mukuijambula chiyambireni ntchito pomwe ndi puloti yomwe mulibe. Langa linali la gemu. Ine bambo wa ana awiri, wa imvi m'ndevu, munthu amene kutchalitchi amandipatsa kuwerenga zolengeza chifukwa cha mawu anga aulemu, ndinali ndi kope la gemu, lokutidwa bwinobwino ndi khaki.

Anandiyambitsa ndi mlamu wanga wa ku Joni. Anabwera kudzaona abale kumapeto kwa 2022, ndalama zinamuthera asanaganize zobwerera, ndiye anabwereka ya basi n'kusiya PlayStation 4 yakale kuti ikhale chikole. Ndalamayo mpaka lero ili m'njira. M'kati mwa makinawo munali chimbale chimodzi, Elden Ring, gemu ya kampani ya ku Japan yotchedwa FromSoftware imene inatuluka mu Febuluwale chaka chomwecho. Kale ndinkati ndikadutsa m'timashopu ta ku Kawale ndi ku Biwi momwe anyamata amaunjikana kusewera FIFA ndi ndalama ya mandasi, ndinkapukusa mutu n'kumati dziko latha. Koma iyi, ndinadziuza, si ya ana. Iyi ndi ya anthu oganiza.

Kwa inu amene munapulumuka, gemuyi imayenda chonchi. Umakhala ndi kamunthu kako, umayendayenda m'dziko lodzaza zilombo ndi asilikali openga, ndipo chilichonse chimene wapha chimakupatsa ma rune. Ma rune amenewa ndiye ndalama, ndiponso ndi omwewo amene umagulira kukula. Ukapeza kamoto kagolide kotchedwa Site of Grace umakhala pansi, n'kupereka ma rune kuti ukwere level imodzi, ndipo level iliyonse imakupatsa pointi imodzi yokha yoti uike pa chimodzi mwa zinthu 8: Vigor, Mind, Endurance, Strength, Dexterity, Intelligence, Faith ndi Arcane. Mtengo wa level umakwera nthawi iliyonse ukagula, zimene ife a kuno sizingatidabwitse. Ukafa, ma rune onse amene unali nawo amagwera pomwe waferapo. Ukafanso usanakawatole, apita, palibe kokadandaula. Amene amakuthandiza kusandutsa ma rune kukhala mphamvu ndi mtsikana wina wa m'gemumo. Dzina lake Melina. Lisungeni dzina limeneli.

Poyamba gemu imakufunsa kuti ukufuna kuyamba uli ndani, ndipo pali mitundu 10. Pali msilikali wa zida zake zonse, pali wamatsenga, pali samurai. Kumapeto kwenikweni kuli wina wotchedwa Wretch: level 1, chilichonse pa 10, chibonga m'manja, pathupi kathewera kokha. Munthu wanzeru amadutsa. Ine ndinaima pomwepo mtima uli phwii, chifukwa ndinadziona ndekha. Si ine kodi ndinafika mu Lilongwe muno ndi jumbo imodzi n'kudzipanga ndekha kukhala munthu? Mayi a kunyumba akanakhalapo akanandikumbutsa kuti miyezi yoyamba ndinkadya kwa azakhali awo ku Mgona, koma anali atagona.

Mukukumbukira kuti nthawi imeneyo magetsi ankabwera mocheza. Namondwe wa Ana anali ataononga Kapichira pa Shire mu Januwale 2022, mamegawati pafupifupi 130 n'kuchoka, ndipo mdimawo unatiperekeza mpaka kulowa nawo 2023. Kwathu ku Area 23 ndinkati ndikatsika minibasi madzulo, ndimapeza mzere wonse uli bii, mbaula zokha zikuwala m'makonde. Munthu wina akanacheza ndi ana. Ine ndinapeza kuti gemu ikazima, mapulani sazima. Ndinatenga kope lija tinagula kwacha itagwetsedwa ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, pamene tinalumbira kuti kuyambira tsopano tizilemba tambala iliyonse. Tsamba loyamba linali ndi ufa, makala, sopo, lendi, fizi, mayunitsi a magetsi, zolemba za mayi. Masamba ena onse anali oyera. Ndinabwereka lula ya mwana, ndinayatsa tochi ya pafoni, n'kuyamba kudula mizere.

Ndisakunamizeni, linali kope lokongola. Level iliyonse inali ndi mzere wake, pointi ikupita kuti, ma rune angati, ndikawapeza kuti. Mayina a adani akuluakulu ndinawalemba ndi bolopeni yofiira, pambali pake ndalama zimene amasiya akafa. Zonsezi ndinkazitola pa YouTube ndi bandulo ya usiku, nditafunda bulangeti mpaka kumutu kuti kuwala kusadzutse munthu. Kuntchito bwana akandipempha bajeti ya mwezi ndimachita kukokedwa, koma apa ndinali ndi pulani yofika level 100 ndisanaphe ngakhale mdani wamkulu mmodzi.

Mtima wa pulaniyo unali lupanga. Kudera lina lofiira lotchedwa Caelid, kumene agalu ake ndi aakulu kuposa ngolo, kuli bokosi losungamo lupanga lotchedwa Greatsword, chitsulo chachitali kuposa mwini wake. Kuti uligwiritse bwino ntchito pamafunika Strength 31 ndi Dexterity 12. Ndinkadziwa bwino lomwe kuti ukagwira chida ndi manja awiri, gemu imawerenga Strength yako kamodzi ndi theka, ndiye 21 yokha ikanakwana. Koma manja awiri? Ine? Ndinkafuna kulinyamula ndi dzanja limodzi, litatsamira paphewa, kuti aliyense wodutsa pabalaza aone. Choncho, kupatula zochepa zimene Dexterity inkafuna, pointi iliyonse imene ndinapeza ndinaiponya ku Strength. Ndinakwera kavalo wa m'gemumo, Torrent, ndinathamanga pakati pa agalu aja ndikupemphera, ndinatsegula bokosilo n'kubwerera nalo lupangalo. Usiku umenewo ndinagona ndikumwetulira, mpaka mayi anafunsa ngati kuntchito atikweza malipiro.

Vigor, umene ndi moyo weniweniwo, ndinausiya pa 10. Pa 10 munthu amakhala ndi moyo wa 414. Anthu onse a pa YouTube, azungu ndi akuda omwe, ankalalikira uthenga umodzi: kwezani Vigor, ifike 40, pamene moyo umakhala 1,450. Ine ndinamva, ndinamvetsa, ndinakana. Vigor, ndinati, ndi ya anthu amene amamenyedwa. Mu pulani yanga munalibe mzere wa kumenyedwa. Za kukulitsa chida kwa wosula zitsulo, Hewg, kumene ndiko kumawonjezera ukali kwambiri koyambirira kwa gemu, ndinazilemba kutsamba lakumapeto pansi pa mutu wakuti zam'tsogolo. Ndinavalanso zovala zachitsulo zolemera kuti zigwirizane ndi lupanga, osasamala kuti katundu akadutsa 70 peresenti ya zimene ungathe kunyamula, sungathenso kuzinda bwino. Anzanu akamagudubuzika mopepuka kuthawa nkhonya, wanga ankagwa ngati thumba la chimanga lomasuka pa kabaza, n'kukhala kaye pansi kuganizira za moyo wake.

Munthu ameneyu ndiye ndinapita naye kwa Margit.

Margit amalondera njira yolowera ku Stormveil Castle, pakamtunda kopapatiza, phompho uku ndi uku. Ndi chimunthu cha nyanga, cha mchira, chonyamula ndodo. Khalidwe lake loipa ndi lakuti akakweza ndodo satsitsa msanga. Amaikweza n'kudikira. Iwe mantha akugwira, wagudubuzika, wadzuka, pamenepo ndi pomwe imatsika. Kawiri kokha, ine kwatha. Nthawi zina sankavutika n'komwe, ndinkadzigwetsa ndekha kuphompho. Ndiye poti ndinali munthu wosunga, ndinkalowa kwa iye ndi ma rune a usiku wonse m'thumba, ndi cholinga choti ndikamupha ndiphatikize ndi 12,000 zimene amasiya ndikagule ma level ambiri nthawi imodzi. Mwadziwa kale mmene zinkathera. Inunso munasungapo ndalama ya chinthu chachikulu n'kupita nayo kolakwika.

Chinanso chimene a ku Japan aja sanaganizire mabanja ndi chakuti gemuyi ilibe batani wamba loimitsira. Ukakhala pankhondo uli pankhondo. Mayi akaitana kukhitchini kuti madzi ayamba kutuluka pampopi, tengani zidebe, ine ndinkayankha kuti ndikubwera. Akati mvula yayamba, zovala zili pachingwe, ndikubwera. Loweruka lina anapita ku banki m'khonde n'kundisiyira nyemba pambaula, ntchito yanga kungothiramo madzi. Magetsi anayaka. Chimene chinandidzutsa kwa Margit ndi mwana wa aneba kugogoda pawindo kuti kwanu kukutuluka utsi. Mayi atabwera anayang'ana poto, anayang'ana makala amene anapita pachabe, anandiyang'ana ine, n'kufunsa modekha ngati nyembazo zinandilakwira. Ndinati ndinali ndi ntchito ya mutu. Anati aona.

Tsiku la tsoka silinunkha. Kugulu kwawo kuja anauzidwa kuti aliyense abwere ndi ndondomeko ya mmene amagwiritsira ntchito ndalama pakhomo, ndipo mayi anakumbukira kuti tili ndi kope la zimenezo. Analipeza pansi pa matiresi, mbali yanga. Ine ndinali kuntchito, ndikudya chipisi, osadziwa kanthu.

Sanakalipe. Akanakalipa bwenzi ndikudziwa pothawira. Ndinangoona kuti madzi osamba sakutenthedwanso, nsima ikubwera yovundikira n'kusiyidwa patebulo popanda mawu, ndipo akafuna kundiuza kanthu akutuma mwana: kawauze abambo ako. Ndinaganiza kuti ndi nkhani ya nyemba ija. Ndinagula ngakhale poto watsopano mumsika wa Tsoka, ndikudziona ngati mwamuna wodziwa kukonza zinthu. Lamulungu titaweruka kutchalitchi ndinangoona amalume anga a ku Chinsapo akulowa pageti ndi jekete lawo la misonkhano. Posakhalitsa achimwene awo a mayi, aakulu, a ku Area 25, nawonso atulukira. Ankhoswe onse awiri, tsiku limodzi, popanda maliro.

Tinakhala pabalaza. Ana anathamangitsidwa panja. Mayi anatulutsa kope lija m'chitenje n'kulipereka kwa amalume, amene anavala magalasi awo n'kuyamba kuwerenga mokweza, ndi mawu omwe aja amawerengera Mawu kumphakati.

Melina, 9,000, Lachisanu usiku. Melina, 11,000, akandionjezere mphamvu. Margit, 12,000, amachedwa kutsitsa, usapupulume. Rennala, 40,000, ndikabadwenso. Amalume anaima, anandiyang'ana pamwamba pa magalasi, n'kutembenuza tsamba. Ranni, mphete, pamapeto pa zonse.

Alamu anga anatsokomola. Mayi anati za Melina akhoza kumvetsa, atsikana a masiku ano ndi a ndalama, ndipo Margaret ameneyo amuganizira kale kuti ndi uti. Rennala mwina ndi mneneri wamkazi wa matchalitchi a m'matenti awa. Koma mphete? Iwo amene anakwatiwa ndi mphete yobwereka, imene ndinalonjeza kuti ndidzawagulira yawo zinthu zikadzayenda?

Apa munthu wanzeru akanangoti ndi gemu, n'kutseka pakamwa. Koma mukundidziwa tsopano. Ndinaona mwayi woti ndiphunzitse. Ndinafotokoza kuti Melina si munthu ngati ife, alibe thupi lenileni, amangotulukira ndikakhala pansi kuti ndipume, ndipo amapempha kuti andigwire dzanja. Amalume anavula magalasi. Ndinapitiriza kuti Ranni asawadetse nkhawa, ndi mfiti yokhala m'chidole, ili ndi manja anayi, ndipo mpheteyo ndi ya kumapeto kwenikweni, ndisanafikeko pali ntchito yambiri. Alamu anafunsa kuti zimenezi zinayamba liti, ndipo ngati abusa akudziwa. Amalume anati kumudzi kwathu zoterezi zinamugwirapo munthu wina, koma iye uja anachita kuzifuna yekha pofuna kulemera.

Ndinati dikirani ndikuonetseni. Ndinadina batani. Magetsi kunalibe.

Tinadikira, achimwene. Mlandu unaima, alendo sangakhale ndi njala, ndiye mayi anapha tambala amene ndinkamusungira Isitala, n'kuwapatsa ankhoswe ziwalo zonse zabwino. Ine ndinalandira khosi. Dzuwa litapendeka tinamva ana a mzere wonse akukuwa kuti ayaka, ndipo sindinayambe ndawakondapo ana a aneba ngati tsiku limenelo.

Kanema atayaka, kamunthu kanga kanaonekera, chilupanga paphewa, dzanja limodzi. Ndikuuzeni chinthu chochititsa manyazi: ngakhale pamenepo, banja lili pamoto, ndinakazunguliza pang'onopang'ono kuti alamu aone bwino. Kenako ndinakakhala pa kamoto kaja kuti Melina atuluke. Sanatuluke. Iye amaonekera pamalo ena okha, nthawi zina zokha, ndipo tsiku limenelo anasankha kusalowerera za m'banja la eni. Mayi anati n'zachidziwikire, akudziwa kuti mwini nyumba alipo. Ndinatsala ndi mboni imodzi. Ndinalowa kwa Margit kuti aone okha kuti Margaret wawoyo ali ndi nyanga ndi mchira.

Anakweza ndodo. Ndinagwa pansi. Ndinadzuka. Inatsika. Anabwerezanso, ndipo pakanema panalembedwa mawu ofiira aja, YOU DIED, ankhoswe asanamalize n'komwe kutsuka m'kamwa. Amalume anafunsa ngati amene wafayo ndi ine. Ndinati eya. Anafunsa ngati ndi zimenezi ndakhala ndikuchita usiku wonse miyezi yonseyi. Ndinati pali pulani. Alamu anayamba kuseka, kuseka kwa munthu amene wakwera maminibasi awiri kudzathetsa banja n'kupeza kuti mlamu wake ndi wopusa chabe.

Chimene chinandimaliza chinachokera pawindo. Mwana wanga wamwamuna, wa Sitandade 7, amene ankasuzumira nthawi yonseyi, ananena kuti Margit ndi wophweka, iye anamupha kale. Zinadziwika kuti ndikakhala kuntchito magetsi n'kuyaka, mnyamatayu ankasewera ndi kamunthu kakekake. Anaitanidwa kuti alowe. Anayamba ndi msilikali wamba uja, Vagabond, lupanga lake laling'ono koma atalikulitsa kwa Hewg, mapointi ake ambiri ali ku Vigor. Ndinamufunsa kuti pulani yake analemba pati. Anati sanalembe, ankangoti akaona kuti akufa msanga amawonjezera moyo. Anati pakhomo pa Margit pali chizindikiro choitanira wamatsenga wina, Rogier, kuti akuthandize, ndipo pali kabelu koitanira mimbulu itatu yamizimu. Zonsezi ndinkazidziwa. Zinali m'kope, pansi pa mutu wakuti za anthu ofooka. Anatenga padi n'kutionetsa mmene amamenyera: akumenyedwa ndithu, kangapo, koma osafa, akubwerera m'mbuyo, akumwa mankhwala, akubweranso. Amalume, amene gemu anaiona koyamba tsiku lomwelo, anagwedeza mutu n'kunena kuti uyu ndiye akudziwa.

Mayi anali chete nthawi yonseyi. Kenako anauza mwana kuti abwezere pa kamunthu ka abambo ake, awawerengere manambala aja mmodzimmodzi. Mwana anawerenga. Strength, chinambala chachikulu. Vigor, 10. Intelligence, 10. Mayi anafunsa kuti pamene ndinkayamba inali pa chiyani. Mwana anati 10 yomweyo. Anati zimenezo sanafunikire makina ochokera ku Joni kuti awauze. Faith, 10. Apo amalume ndi amene anapumira m'mwamba, n'kunena kuti za zolengeza zija adzakambirana ndi akuluakulu anzawo.

Chigamulo sichinachedwe. Mkazi wina palibe, banja lipitirire. Koma mayi anapempha kuti poti ankhoswe alipo kale, awerengeretu mayunitsi a magetsi, mabandulo a usiku, nyemba, makala ndi poto, ndipo anati mkazi wa ku Biwi akanadziwa pomupeza n'kukambirana naye, koma uyu wa manja anayi akamupeza kuti? Ndinalamulidwa kubweza ndalama ya minibasi ya ankhoswe onse awiri, kupita ndi kubwera. Gemu izisewedwa Loweruka masana basi, mwana akamaliza homuweki, ndipo woyamba kugwira padi ndi iye. Kope linalandidwa. Masamba anga anathothoredwa n'kuyatsira mbaula, kupatula limodzi la mphete lija, limene mayi analisunga m'Baibulo mwawo ndipo amalitulutsa mwezi ukatha.

Njira yokonzera zonsezi m'gemumo ilipo. Ukagonjetsa Rennala kusukulu ya matsenga ya Raya Lucaria n'kumupatsa kanthu kotchedwa Larval Tear, amakulola kuchotsa mapointi ako onse n'kuwagawanso mwatsopano. Mwana wanga anadzipereka kuti andidutsitse pa Margit ndi pa mdani wina wamkulu, Godrick, n'kukandifikitsa kumeneko, bola ndimugulire nsapato za mpira za pakaunjika. Ndinamuuza kuti bambo sanyamulidwa ndi mwana wake. Nsapatozo ndinagula sabata yotsatira, ndipo tinagwirizana kuti amayi ake asamve.

Rennala anagwa, Larval Tear ili m'thumba, koma sindinaigwiritse ntchito. Ndaikako mapointi awiri ku Vigor pofuna mtendere. Kungoti ndamva za chinyundo china chotchedwa Giant-Crusher, chimene chimafuna Strength 60, ndipo ndikawerengera bwino sindili kutali kwambiri. Ndagula kope lina, lili mudirowa ya kuofesi. Ulendo uno ndachenjera: mayina a akazi aja sindikuwalemba onse, ndikungoika chilembo choyamba ndi ndalama yake pambali. Ndikudziwa chimene mukufuna kunena, achimwene, koma dirowayo imakiyidwa.